Python ndilembe kuti Nsato, Chipython, kapena ndingoyisiya?

Mphunzitsi_wa_fomu3
Abale ndithandizeni. Ndikulemba timanotsi ta m'Chichewa tothandiza ana anga pa phunziro la kompyuta, ndiye ndafika pa zilankhulo zolembera mapulogalamu ndakakamira. Kwathu kuno chilankhulo chimayamba ndi chi, Chitumbuka, Chingerezi, Chifalansa, nanga izi ndilembe Chijava ndi Chipython? Mnzanga ku staff room akuti Python ndingomasulira kuti Nsato basi. Komanso Java ndi JavaScript ndaziika gulu limodzi poti maina akufanana ngati mayi ndi mwana wake, ndalakwa kodi?

kambuzi265
Aphunzitsi Nsato ayi chonde 😂 dzinalo silinachokere ku njoka ngakhale chizindikiro chake chili ndi tinjoka tiwiri. Guido van Rossum wa ku Netherlands amene anaitulutsa mu 1991 ankakonda sewero loseketsa la pa BBC la Monty Python, ndi kumene anatola dzinalo. Mwana akaloweza Nsato ndiye akasake pa Google azingoona njoka zikumeza mbuzi. Chi uja musiyeninso, palibe amene amati Chijava, ingolembani "chilankhulo cha Java" zimveka.

Nachisale_dev
Pa Java ndi JavaScript mwaphonya ndithu koma simuli nokha, ine nditangoyamba ndinagula buku lonenepa la Java pa kaunjika wa mabuku ndikuganiza kuti lindithandiza kupanga webusaiti, ndinawerenga machaputala atatu ndikudabwa kuti bwanji za browser sizikutchulidwa. Palibe chibale apa. Java anapanga a James Gosling ku Sun Microsystems, poyamba inkatchedwa Oak. JavaScript analemba a Brendan Eich ku Netscape mu 1995, inayamba ndi dzina la Mocha kenako LiveScript, ndiye poti nthawi imeneyo Java inali pakamwa pa aliyense anangoisintha dzina kuti igulike, zamalonda basi. Mpaka lero dzina loti JavaScript mwini wake ndi kampani ya Oracle chifukwa anagula Sun mu 2010, ndipo malamulo ake enieni a chilankhulocho amalembedwa pansi pa dzina lina, ECMAScript, kuyambira 1997. Ndiye mukamalemba ikani dzina limene anthu amaitana tsiku ndi tsiku pamwamba, maina akale muwatchule m'munsi, mwana asadabwe akakumana nawo.

Ngati mukufuna mayi ndi mwana weniweni tengani C ya Dennis Ritchie ya 1972 ndi C++ ya Bjarne Stroustrup, C++ imeneyo poyamba inkatchedwa C with Classes.

Chembe_IT
Achemwali mwanena zoona. Ine langa ndi la magulu, aphunzitsi chenjerani ndi tebulo lija logawa zilankhulo, compiled (zoyamba zamasuliridwa zonse kuti makina amve) uku interpreted (zomasuliridwa pamene pulogalamu ikuyenda) uko, limaoneka laudongo koma limanamiza. Python timati interpreted koma imayamba yasandutsa code kukhala bytecode (malangizo apakatikati amene pulogalamu ina imayendetsa), timafayilo ta .pyc tija timachokera pamenepo, Java nayonso bytecode yomweyo yoyenda pa JVM, pulogalamu yoyendetsa Java, ndiye muiika mbali iti? Bola muwagawe ndi ntchito imene anthu amagwirira, za webusaiti, za mafoni, zowerengera data. Ndipo HTML musaiponye pa zilankhulo zolembera mapulogalamu, ilibe if (lamulo losankha chochita) ilibe loop (lamulo lobwereza), imangouza browser kuti apa mutu apa chithunzi.

Zamainazi zimavutitsa ngakhale akuluakulu, pa Wikipedia nkhani ya C# mutu wake pa adilesi ndi C Sharp chifukwa chizindikiro cha # sichiloledwa mu mutu wa tsamba. Go ya Google ya 2009 anthu amasaka polemba golang poti go yekha akubweretsera zilizonse.

Mphunzitsi_wa_fomu3
Zikomo nonse, Nsato ndafufuta. Koma HTML ndinaiika nambala 1 pa mndandanda ndipo mapepala 40 ndapanga kale fotokope dzulo 😭 mawa ana akhwatcha okha ndi bolopeni.