Pempho la akubanja kwa malemu asing'anga a kwathu ku Mitundu

Wapampando: Mwaswera bwanji nonse. Akubanja kwa malemu asing'anga aja apempha kuti tiwathandize kukonza kanyumba komwe ankaombezeramo, kakhale kosungiramo zinthu zawo. Muli nsupa, mikanda, litchowa ndi makope a odwala. Maganizo anu.

Mmisiri wa ku Kawale: Zidina za kanyumbako zadyeka m'munsi, kukhomapo malata n'kutaya ndalama. Agwetse. Maziko akumbe masentimita 60, mankhwala a chiswe athire asanayambe kuwaka, osati pambuyo. Pamwamba pa maziko ayale pepala lakuda kuti chinyontho chisakwere khoma. Simenti thumba limodzi, mchenga mawilibala atatu. Siling'i asaiwale, chifukwa malata okha amachita thukuta m'mawa nthawi yozizira, madontho n'kumagwera pa nsupa mpaka kuchita chuku.

Mayi a ku Area 25: Amisiri mwafika kale padenga tisanagwirizane n'komwe? Malemuwa ankaloza anthu kuti ndi mfiti. Nkhalamba zina zinathamangitsidwa m'mudzi, adzukulu awo ali m'gulu momwe muno. Lamulo la za ufiti la 1911 limaletsa kutchula munthu mfiti, ife n'kukamanga chikumbutso?

Mdzukulu wa malemu: Amayi, zimenezo sitikukana, ndipo palibe wa kubanja amene akufuna kuyambiranso kuombeza. Koma agogo ankadziwanso mitengo: muwawani, mvunguti, mpungabwi. Otsala odziwa ndi azakhali okha, nawonso akalamba.

Namwino: Nkhawa yanga ndi nsupazo. Kumbukirani 1995, anthu atakhamukira ku Machinga kwa a Chisupe kukamwa mchape ati wochiza Edzi, maliro osaleka. Mukasiya mankhwala m'nsupa, wina adzabwera usiku kudzapempha, mawa lake wasiya ma ARV. Zikhuthulidwe zonse. Mukapeza makungwa a mwabvi, ndi poizoni, musatayire kudzala komwe ana ndi mbuzi amafika. Makope aja ali ndi maina a anthu ndi matenda awo, akhale m'bokosi lokiya kwa mwinimbumba, osati pa shelefu.

Aphunzitsi: Za mitengo ndiye zosafuna nyumba. Muzu wouma wokha palibe angauzindikire. Yendani ndi azakhaliwo kutchire, mudule kanthambi ka masentimita 30 kokhala ndi masamba ndi duwa kapena chipatso. Kayaleni pakati pa nyuzipepala, thabwa pamwamba, njerwa zinayi kupsinja. Sabata yoyamba nyuzipepala muzisintha tsiku lililonse, mukachita ulesi masamba amada n'kuola. Pakatha sabata ziwiri kapena zitatu zauma. Lembani dzina, malo, tsiku ndi zomwe azakhali anena. Maina asayansi akakuthandizani a National Herbarium, bungwe losunga ndi kufufuza zomera, ku Zomba.

Msungichuma: Ndalama zili m'thumba tinasonkhera mjigo, sizikhudzidwa. Ofuna atsegule thumba lina. Komanso malowo ndi a mbumba, tione kaye kalata ya anyakwawa ndi amalume a pabanjapo, tingamange lero mawa ana a achemwali awo n'kutitulutsa.

Mayi a ku Area 25: Nyuzipepala ndi mathabwa ndipereka ine. Ya simenti musandiwerengere.

Mdzukulu wa malemu: Tamva amayi. Koma makopewo amalume sangalole msanga, ndikayankhule nawo Loweruka.