Alendo 180 kuyambira m'mawa mpaka usiku, chakudya tikonze bwanji?

Mlongo_wa_mkwati

Moni nonse, ndikupempha nzeru kwa amene munakonzapo ukwati. Achimwene anga akukwatira mwezi wamawa nde nkhani ya chakudya andisiyira ine. Pulogalamu yake ndi yaitali, mwambo womangitsa ukwati uyamba 9 koloko m'mawa, utha cha m'ma 11, kenako akwati apita kokajambulitsa, phwando liyamba 2 koloko masana ndipo ambiri akhala mpaka cha m'ma 9 usiku. Pa mndandanda pali anthu 180. Pakadali pano tagwirizana chakudya chimodzi chachikulu 3 koloko ndi keke basi, koma mtima wanga sukukhazikika chifukwa chaka chatha ndinali pa ukwati wa mnzanga komwe tinadya 5 koloko madzulo, ana akulira, achikulire atangoti zyoli pa mipando, ena mpaka ananyamuka osadya, ndipo mpaka lero anthu akamakamba za ukwati umenewo amayamba ndi njala. Sindikufuna zimenezo zichitikire achimwene anga ndi alamu anga. Nde kodi tingowonjezera kuchuluka kwa chakudyacho kapena tichigawe kangapo? Komanso munthu mmodzi mumamuwerengera zochuluka bwanji?

Amayi_Wophika

Achemwali, ine ndaphikira maukwati zaka zambiri ndipo ndikuuzeni, musayambe ndi makilo, yambani ndi wotchi. Tengani pepala mulembe maola onse kuyambira pomwe mlendo wadzuka kunyumba kwake. Woti afike 9 koloko wadzuka 6, kaya wadya kaya sanadye n'komwe chifukwa chothamanga ndi kusita ndi kuveka ana, nde mukamudyetsa 3 koloko ndiye kuti wakhala maola 8 kapena 9 m'mimba muli pululu. Komanso 3 koloko ya pa pulogalamu ya ukwati kawirikawiri imasanduka 4, zithunzi zimachedwa, oyankhula amatalikitsa. Olo mutaphika chakudya cha anthu 400, mpata wa pakati pa 11 ndi 3 uja ukhalapobe ndipo ndi pomwe anthu amavutikira.

Ine ndikanachita chonchi. Mwambo ukangotha anthu apeze tebulo la zopepuka likuwadikira kale, buledi wokhala ndi kenakake m'kati, zipatso zodula, madzi ndi chakumwa chozizira, tizidutswa 3 kapena 4 pa munthu. Sikuti akhute ayi, agwire m'mimba basi pomwe akwati akujambulitsa. Chakudya chachikulu muchikokere kumayambiriro kwa phwando, 2:30 anthu akhale akudya, zoyankhula zibwere pambuyo poti munthu wokhuta amamvetsera bwino. Keke ndi chakumwa chotentha cha m'ma 5:30. Kenako cha m'ma 8 kanthu kena kochepa ka amene akuvinabe, koma apa muwerengere theka la anthu chifukwa a ana ang'ono ndi achikulire amakhala atapita.

Tsopano makilo aja. Choyamba anthu anu si 180. Ojambula, woyimba nyimbo, madalaivala, operekera chakudya, ophika, onsewo adya, muikepo 20 akhale 200, pamwamba pake muwonjezere 10 pa 100 alionse chifukwa cha obwera ndi mnzawo osanena, nde mukuphikira anthu 220. Mpunga wosaphika ine ndimayika magalamu 75 pa munthu ngati pali zina zodyera, apo ndi makilo 16 ndi theka. Nyama yaiwisi yopanda mafupa magalamu 200 pa munthu, makilo 44, ndipo musadabwe kuti yachuluka poti ikapsa imanyala, pafupifupi gawo limodzi mwa magawo 4 limapita ndi madzi ndi mafuta. Ya mafupa muwonjezere ndithu. Madzi akumwa malita 2 pa munthu tsiku lonse, kukatentha kuposa pamenepo, ndipo asakhale obisa kukhitchini, aziwoneka kuti aliyense azingotenga.

Achimwene_T

Zomwe anena amayiwa nzoona koma ine ndikuona kuti kudyetsa kanayi ndi zambiri ngati ndalama zili zoperewera, cha 8 koloko chija mutha kuchisiya bola kekeyo muidule mochedwerako cha m'ma 6:30. Cha 11 koloko chokha ndi chomwe sindingachotse olo zitavuta bwanji.

Chomwe ndikufuna kuwonjezera ndi mzere. Pa ukwati wanga chakudya chinalipo chambiri koma tinalakwitsa kuika tebulo limodzi. Tawerengani nokha, munthu mmodzi akamatenga masekondi 30 kuti adutse, anthu 200 ndi mphindi 100, kutanthauza kuti womaliza adya patatha ola limodzi ndi mphindi 40 woyamba atadya, ndipo apeza zozizira komanso nyama itatha chifukwa oyamba anadzaza mbale. Mukaika mizere 4 zonse zitha pa mphindi 25. Matebulo awiri oti anthu azidutsa mbali zonse ziwiri akukwana. Nyama musasiye kuti aliyense azidzitengera, pakhale munthu wogawa ndi chipande chimodzi chomwecho kuyambira woyamba mpaka womaliza, wofuna kuwonjezera abwerenso onse akalandira. Ndipo muziitana tebulo ndi tebulo, achikulire ndi amayi a ana ayambe.

China, mkwati ndi mkwatibwi. Ife sitinadye mpaka usiku chifukwa aliyense amafuna moni ndi chithunzi, akazi anga anafika pochita chizungulire. Musankhe munthu mmodzi ntchito yake ikhale yomweyo, kuwapatsa kanthu kodya ali kokajambulitsa komanso kuwasungira mbale ziwiri.

Anamwino_Pano

Achemwali ine ndilankhulako mbali ya umoyo poti tsiku lalitali chonchi vuto silikhala njala yokha. Chakudya chophikaphika chisakhale pamtunda kupitirira maola awiri, awa ndi malangizo a bungwe la zaumoyo padziko lonse la WHO. Chotentha chizikhala pamwamba pa madigiri 60, chozizira pansi pa madigiri 5, pakati pamenepo ndi pomwe tizilombo timaswana msanga. Nde zoti ophika amalize zonse 8 koloko m'mawa n'kuvundikira mapoto kudikira 3 koloko, musalole chonde. Mpunga makamaka ndi woopsa kuposa mmene anthu amaganizira, mumakhala kachilombo kotchedwa Bacillus cereus komwe mbewu zake sizifa pophika, mpunga ukakhala wofunda maola ambiri kamatulutsa poizoni ndipo olo mutautenthetsanso poizoniyo sachoka, anthu amayamba kusanza patangopita maola ochepa. Zosakaniza ndi mazira kapena mayonezi nazonso zizikhala mu fuliji kapena pa ayezi mpaka nthawi yoperekera.

Komanso mufunse mabanja onse awiri ngati pali odwala shuga. Munthu wobaya insulin kapena womwa mankhwala ena otsitsa shuga akadumphitsa chakudya shuga amatsika kwambiri, amayamba kunjenjemera, thukuta, kusokonezeka mutu mwinanso kukomoka, nde kwa iwowo tebulo la 11 koloko lija si lokometsera ayi. Amayi oyembekezera ndi ana chimodzimodzi. Mufunsenso za amene thupi lawo limadana ndi mtedza, mazira, mkaka kapena nsomba, ndi amene sadya nyama, ogawa adziwe kuti m'poto uliwonse muli chiyani. Ngati pakhala mowa musautulutse anthu asanadye.

Mlongo_wa_mkwati

Eeh zikomo kwambiri nonse, za ogwira ntchito 20 aja sindinaziganizire n'komwe, ndipo apongozi awo a achimwene anga amadwaladi shuga nde zandikhudza. Ndalankhula ndi alamu anga avomera kuti chakudya chachikulu chibwere 2:30 zoyankhula zisanayambe, tebulo la zopepuka tiikanso. Cha usiku chija ndimaganiza kuti tingotenthetsa zotsala za masana kuti tisawononge ndalama zina, koma nditawerenga za mpungazo ndachita mantha. Amayi, pamenepa mumatani?

Amayi_Wophika

Zotsala zomwe zakhala pa tebulo anthu akutsegula n'kutseka, zipande zikulowa n'kutuluka, zimenezo musazibweretsenso usiku. Mmene ndimachitira ine, nyama ya usiku ndimaipatula ikangopsa isanapite n'komwe ku tebulo, ndimaiyala m'mathileyi osaya kuti izizire msanga n'kuilowetsa mu fuliji, nde cha m'ma 7:30 timaitenthetsa mpaka itatentha bwinobwino m'kati momwe, kamodzi kokha, n'kuipereka ndi buledi. Mpunga wa masana suwonekanso. Pa anthu 100 otsalawo makilo 8 a nyama yaiwisi pamwamba pa 44 aja akwana poti nthawi imeneyo munthu amangofuna kogwira m'manja abwerere kovina.

Ndipo masanawo musatulutse zonse nthawi imodzi, muziphika mpunga magawo awiri, poto wachiwiri azipsa pomwe woyamba akugawidwa. Mufunseni mwini malo sabata ino ngati fuliji yake ikugwira ntchito komanso ngati muli malo, mukaione ndi maso anu musangomva pa foni, chifukwa ikakhala yodzaza ndi zakumwa mufunika kupeza mabokosi a ayezi awiri kapena atatu tsiku lisanafike.