Close-up za mayi ndi mwana zikukana kulumikizana pa editing

Dayilekita watsopano: Akuluakulu, ndithandizeni nzeru. Ndachokera ku zisudzo za pa siteji, pano ndikutsogolera sewero la pa TV ndi kamera imodzi. Pali sini ya masamba 3, mayi ndi mwana wake akukangana pakhonde. Tinajambula master (shoti yoonetsa sini yonse, onse awiri ali pamodzi), kenako close-up (shoti ya pafupi ya nkhope) ya aliyense. Mkonzi wolumikiza zithunzi (wa editing) akuti sizikugwirana: onse awiri akuyang'ana kumanja ngati akukalipira munthu wachitatu, komanso kapu ya tiyi ikudumpha kuchoka dzanja ili kupita linalo. Tibwereze zonse?

Wa kamera: Achimwene, mwaoloka mzere. Ganizirani chingwe chomangidwa kuchokera pamphuno ya mayi kukafika pamphuno ya mwana. Mbali imene kamera yaima pa master, ikhale yomweyo mpaka sini ithe. Ndiye lamulo la madigiri 180 lija. Ku siteji simunavutikepo nalo chifukwa oonerera sanyamula mipando kukakhala kumbuyo kwa osewera. Kamera ndiye imayendayenda, makamaka wina akangoti "uku ndiye kukuwala bwino". Ngati mayi ali kumanzere kwa chithunzi pa master, shoti zake zonse aziyang'ana kumanja, mwana aziyang'ana kumanzere. Musanayambe, lembani mzerewo pansi ndi choko, ndipo ikani tepi pamene payima mapazi a aliyense.

Mkonzi: Zonse ayi, nkuwononga tsiku. Close-up ya mayi ili bwino, yolakwika ndi ya mwanayo basi. Ena akuuzani kuti tingotembenuza chithunzi chake pa kompyuta. Zimatheka, koma yang'anani kaye: kalendala ya pakhoma, malembo a pa chitenje, mphete, mbali imene kuwala kukugwera pankhope, zonsezo zitembenuka nazo. Pakhonde chitseko chisamukira mbali ina, woonera aliyense azindikira. Ine ndikuti bwerezani close-up ya mwanayo, mundibweretserenso tishoti ting'onoting'ono 3 ta masekondi 10: dzanja likuika kapu pansi, mapazi, ndi khonde lonse kuchokera patali. Ndipeza pobisa kapu yodumphayo.

Wa continuity (woonetsetsa kuti zinthu zikufanana m'shoti zonse): Za kapuzo vuto lili kwa inu, bwana dayilekita, osati kwa osewera. Pa siteji munthu akasintha kachitidwe usiku uliwonse timamuyamikira. Kuno master ikangovomerezedwa, zonse zatsekedwa: dzanja lake ndi lomwelo, mawu amene anyamulirapo kapu ndi omwewo, tiyi alekeze pomwe analekeza. Pakhale munthu mmodzi wosachita china, alembe pa sikiripiti ndi kujambula pa foni kumayambiriro ndi kumapeto kwa take iliyonse (ulendo uliwonse wojambula shotiyo). Duku la mayi musaliiwale, mfundo yake imasuntha akapita kukadya.

Dayilekita watsopano: Zamveka. Nanga poti mayiyo ndi wotanganidwa, mwana angajambulidwe yekha?

Wa kamera: Musatero. Abwere, aime pafupi kwenikweni ndi lens (diso la kamera), kumbali yoyenera, azimuyankha ndi mtima wonse ngakhale sakuoneka. Mukaimika wina wamtali kuposa mayiyo, maso a mwana akwera m'mwamba, mwayambitsa vuto lina. Lens ikhale yomwe ija, kamera itukulidwe mofanana, ola likhale lomwelo, chifukwa dzuwa la 9 koloko ndi la 3 koloko siligwa mofanana pakhonde. Mafulemu 25 pa sekondi, shutter (nthawi imene kamera imalandira kuwala pa fulemu iliyonse) 1/50 ya sekondi, poti magetsi athu ndi a 50 Hz. Mukasintha, mababu angayambe kuphethira pa chithunzi.

Wa mawu: Poti mukubwerera komweko, muwatsitseko mawu. Osewera a pa siteji amalankhulira munthu wa mpando wakumbuyo, pomwe boom (maikolofoni ya pa ndodo yaitali) ili masentimita 30 mpaka 50 pamwamba pa mutu wawo. Mkangano ukafika pokuwa mawu amasweka, ndipo osweka amavuta kukonza. Yeserani kaye pamene akalipe kwambiri, mita yoyezera mawu isapyole -12 dB, mujambule pa 48 kHz. Mukamaliza, aliyense akhale chete mphindi imodzi mujambule phokoso la pamalopo, mkonzi aziyala pansi pa mawu a masiku awiriwo kuti msoko usamveke. Jenereta ikakhale kuseri kwa nyumba ina. Mvula ikayamba pa malata, ingodikirani ikate.

Mkonzi: Ndipo clapper (kabolodi kolembapo nambala ya sini) muziomba pa take iliyonse, chonde. Nambala ya sini izioneka bwino.