Mbuzi ziwiri, anthu atatu, masiku 47 mlandu osayamba

aNaphiri, paralegal (wothandiza anthu pa zamalamulo koma osati loya), Kasungu

Akuluakulu, ndithandizeni nzeru. Pali anthu atatu pa fayilo imodzi, onse ali pa rimandi. Woyamba ndi bambo amene anapezeka Lachisanu m'mamawa, tsiku la msika, atamangirira mbuzi ziwiri panjinga. Wachiwiri ndi mnyamata amene ankakankha njingayo. Pa chikalata cha mlandu anamulemba zaka 19, koma mayi ake akuti ali ndi 16. Wachitatu anatoledwa madzulo a tsiku lomwelo apolisi akusesa pamsika, ndipo anamulemba vakabu. Kukhoti anakaonekera Lachinayi la sabata yotsatira, pamaso pa majisitireti wa giredi yachitatu, amene anangowawerengera mlandu n'kuwatumiza kundende. Sanafunsidwe kuti akuvomera kapena akukana. Lero Lachitatu akwanitsa masiku 47 chigwidwireni. Achibale akuti bwanji angovomera kuti zithe. Ndiyambire pati?

aZulu, paralegal, Mchinji

ANaphiri, awiri a mbuziwo ndikuona ngati nthawi yawo sinakwane. Milandu ya kuba si ija ili m'gulu la masiku 90? Wa vakabuyo ndiye muthamange naye.

Bambo Mwale, majisitireti wopuma

Ayi aZulu, pamenepo ndi pamene ambiri amasokoneza, ndipo anthu amaonongera miyezi kundende chifukwa cha kusokoneza komweko. Masiku 90 a mu gawo 161G la Criminal Procedure and Evidence Code ndi a milandu yowerengeka: kuukira boma, kupha mtundu wa anthu, kupha munthu, kugwirira, kugona ndi mwana, ndi kuba moopseza kapena movulaza. Kumasula mbuzi m'khola usiku mwini wake ali mtulo si kuba moopseza. Ndi gawo 281 la Penal Code, kuba ziweto, ndipo amazenga ndi majisitireti. Choncho lamulo lake ndi gawo 161D, masiku 30 basi mlandu usanayambe.

Kawerengedwe kake nkotere. Masikuwo sayambira pa tsiku logwidwa, amayambira pamene maola 48 atha. Anagwidwa Lachisanu m'mamawa, maola 48 anatha Lamulungu m'mamawa, khoti silikhala Lamulungu, ndiye tiyambira Lolemba. Kuchokera Lolemba limenelo kufika lero ndi masiku 44. Apyola ndi masiku 14. M'kalata yanu mulembe 44, osati 47, kuti woimira boma asapeze pogwira.

Lolemba lomwelo ndi limene anayenera kuonekera kukhoti malinga ndi gawo 42(2)(b) la Malamulo aakulu a dziko. Anafika Lachinayi. Mulembenso zimenezo, koma musaikepo mtima wonse. Kuchedwako kumalimbitsa pempho la belo, sikufafaniza mlandu wa mbuzi.

Chimene chaimitsa fayiloyi ndi khoti limene inagwera. Kuba ziweto chilango chake chimafika zaka 14. Wa giredi yachitatu sangauzenge, wa giredi yachiwiri sangauzengenso. Ukufunika wa giredi yoyamba kapena Resident Magistrate. Fayilo ikatsala pa khoti lopanda mphamvu, aliyense amayesa kuti mnzake ndi amene aisamutse, anthu nkumangokhala.

aZulu

Ndamva, bwana. Ndiye poti masiku 30 anadutsa, a ndende sangangowatsegulira?

Bambo Mwale

Sangatero, ndipo musawalonjeze achibale zimenezo. A ndende amasunga munthu ndi waranti ya khoti, amamutulutsanso ndi chikalata cha khoti. Gawo 161I likuti nthawi ikatha khoti lingathe kupereka belo, palokha kapena litapemphedwa. Pafunika wina apemphe. Musanalembe, fufuzani ngati a boma anapempha kuwonjezera masiku. Gawo 161H limawalola, koma apemphe kutatsala masiku osachepera 7 kuti nthawi ithe, apereke chifukwa chomveka, ndipo zowonjezerazo zisapyole masiku 30. Ngati m'fayilo mulibe pempho lotero, mulembe poyera kuti mulibe.

aChirwa, kalaliki wa khoti

Ndiwonjezereko za mapepala, poti pempho labwino limafera pa kauntala ngati likusowa zinthu zazing'ono.

ANaphiri, yambani kundende osati kukhoti. Pemphani kuona waranti ya rimandi ya aliyense payekha. Koperani nambala ya mlandu, dzina la khoti, gawo la lamulo limene lalembedwa, tsiku losainidwa ndi tsiku lobwerera kukhoti. Munthu amene ali m'ndende mlandu wake suimitsidwa kopitirira masiku 15 nthawi imodzi. Iwowa akhalamo masiku 41, kotero kuseri kwa waranti kuyenera kuoneka kuti inawonjezeredwa kawiri, ndi siginecha ya majisitireti ndi chidindo. Mukapeza tsiku lomaliza linadutsa popanda chidindo china, ndiye kuti panopa akusungidwa ndi pepala lakufa. Imeneyo ndi mfundo yolemera kuposa ya masiku 30, ndipo majisitireti aliyense amaimva msanga.

Kenako pitani ku khoti laling'onolo mukaone m'kaundula wa milandu ngati analemba kuti fayilo yatumizidwa, liti, kwa yani. Nthawi zambiri mudzapeza fayilo ya khoti ili pomwepo, pamene doketi ya apolisi inapita kale kwa oimira boma ku boma. Ziwirizi zikapanda kukumana pa desiki imodzi, mlandu suikidwa pa ndandanda.

Kalata yopempha belo alembe woimbidwa mlandu mwini, kapena musindikize iye asaine kaya kudinda chala, idutse kwa mkulu wa ndende. Inu simungaime m'khoti kumulankhulira, koma mutha kumukonzekeretsa. Makope atatu: la khoti, la woimira boma, lanu lodindidwa kuti lalandiridwa. Aliyense kalata yakeyake. Mukawaphatikiza, vuto la mmodzi limagwira onse.

Mayi Tembo, a chisamaliro cha ana

Ine mtima wanga uli pa mnyamatayo, ndipo ndikupempha kuti iye asadikire ndondomeko ya belo ya akuluakulu. Usiku uliwonse umene akugona chipinda chimodzi ndi akuluakulu ndi kuphwanya gawo 42(2)(g) la Malamulo aakulu.

Chenjerani ndi yankho limene mungalandire, lakuti wa zaka 16 si mwana. Child Care, Protection and Justice Act ya 2010 inalembedwa kuti mwana ndi wosakwana zaka 16, ndipo ena anazolowera pomwepo. Koma mu 2017 Nyumba ya Malamulo inasintha gawo 23 la Malamulo aakulu, mwana akhala aliyense wosakwana zaka 18. Lamulo laling'ono silingapose lalikulu.

Nkhondo yeniyeni ndi yotsimikiza zakazo. Mawu a mayi okha sakwanira pamene pepala likunena 19. Atumeni akafufuze m'chikwama kapena m'sutikesi momwe amasungira mapepala: khadi la ku sikelo, buku la kuchipatala, kalata ya ubatizo, chiphaso chobadwira cha NRB ngati chilipo. Khadi la ku sikelo ndi limene ndimalikhulupirira kwambiri, chifukwa linalembedwa mwana ali kumsana, palibe amene ankaganiza za mlandu. Likhale long'ambika kapena lodetsedwa ndi utsi, bweretsani lomwelo, musalikopere pa pepala lina. Kalata ya ahedi ichokere m'kaundula wolembera ana poyamba sukulu, itchule tsiku lobadwa ndi nambala ya m'kaundulamo. Kalata ya amfumu imathandiza, koma payokha imapepuka. Zonse zikasowa, khoti litha kulamula kuti aonedwe ndi dokotala, ndipo ife timalemba lipoti loyerekeza zaka.

Mapepala akapezeka, bwerani nawo ku ofesi ya chisamaliro cha anthu ya m'boma lanu. Wa probation, amene amatsatira nkhani za ana oimbidwa milandu, alembe lipoti, nkhani ipite ku khoti la ana, mupemphe zinthu zitatu: achotsedwe kundende lero lomwe, aperekedwe m'manja mwa kholo, ndipo mlandu wake ulekanitsidwe ndi wa bamboyo. Za kupatutsa mlandu kuti usafike pozengedwa zikambidwe pambuyo, chifukwa zimafuna kuti mwana avomere yekha mosakakamizidwa kuti analakwa. Ngati anangolembedwa ganyu yokankha njinga osadziwa kuti mbuzi n'zakuba, musamukankhire kuvomera chifukwa chofuna njira yachidule.

aKamanga, woimira boma pa milandu wopuma

Ndikuuzeni zimene mnzanga wa mbali inayo akanene, kuti mukonzekere.

Pa wa vakabu sakhala ndi zambiri. Onani kachigawo kamene kalembedwa. Ngati ndi 184(1)(c) ka Penal Code, Khoti Lalikulu linagamula mu 2017 pa mlandu wa Gwanda kuti kachigawo kameneko n'kosemphana ndi Malamulo aakulu, munthu sangazengedwe nako. Ngati alemba kachigawo kena, gwiritsani chigamulo cha 2022 cha Jaji Zione Ntaba ku Zomba, chimene chinachokera pa anthu amene anasesedwa kuno ku Kasungu mu 2018. Khoti linati kugwira anthu mwachisawawa pa kusesa n'kosaloledwa. Wapolisi ayenera kunena chimene munthu uyu, payekha, anamuganizira. Pitani kwa mkulu wa oimira boma ndi makope a zigamulozo, mufunse modekha kuti mu doketi muli umboni wanji womulumikiza ndi mbuzi. Ngati mulibe, kuchotsa mlandu n'kosavuta kuposa kukautetezera pamaso pa majisitireti. Ambiri amavomera mukawafikira mwaulemu musanakafike m'khoti.

Kuvomera kuti zithe ndikukana ndithu. Wa vakabu akavomera, watenga mbiri ya upandu pa mlandu umene mwina kulibe. Wa mbuzi akavomera, achibale asayembekezere faindi, kuba ziweto makhoti amakuona molemera ndipo ndende ndi imene imabwera kawirikawiri. Gawo 251 la Criminal Procedure and Evidence Code limafuna kuti khoti litsimikize kuti munthu akumvetsa zotsatira za kuvomera ndipo akuvomera popanda "koma". Wonena kuti "ndikuvomera koma ndinagula" wakana mlandu.

Pa bamboyo ndi pamene padzakhale kulimbana. Udindo wosonyeza kuti asapatsidwe belo ndi wa boma, osati wake, koma zifukwa za mu Bail (Guidelines) Act zilipo zoti agwire: angathawe, angasokoneze mboni, angaike ena pachiswe, kapena kutuluka kwake kungadzetse chisokonezo. Kuno malire a Zambia ali pafupi, ndiye la kuthawa limatchulidwa msanga. Liyankheni ndi anthu, osati ndi mawu. Omuimira pa belo awiri okhazikika, okhala ndi chiphaso cha unzika, odziwika kwa amfumu, oti akafunsidwa ali ndi chiyani atchule munda, ngolo kapena ng'ombe. Auzeni zoona: akasaina ndalama yosapereka pompo, munthu akathawa adzailipira. Womuimira amene wadzidzimuka ndi funso limeneli m'khoti amagwetsa pempho lonse.

Akanena kuti kafukufuku sanathe, funso n'lakuti chatsala n'chiyani. Mbuzi zinapezeka, mwini wake alipo, womugwira alipo. Mboni zitatu zimenezi sizifuna masiku 44.

aNaphiri

Zikomo nonse. Chimene chikundiopsa n'chakuti kumudziko anthu anapsa mtima, mbuzi zakhala zikusowa chaka chonse. Akamuona bamboyo wabwera adzati wagula apolisi.

Bambo Mwale

Mwachita bwino kutchula, chifukwa belo yosakonzekera kumudzi yaphetsa anthu. Woimira boma akanena kuti moyo wake uli pachiswe, khoti limamvera. Musadikire kuti anene iye. M'pempho mulembemo kale kuti akatuluka akakhala kwa m'bale wake kudera lina, mutchule mudzi ndi mfumu yake, ndipo azikasaina ku polisi yapafupi ndi kumeneko, kaya kamodzi pa sabata ziwiri. Mulembenso kuti sadzafika kwa mwini mbuzi kapena kulankhula ndi mboni.

Tsiku lomva pempho lisanafike, khalani pansi ndi nyakwawa, a komiti ya chitetezo cha m'mudzi ndi mwini mbuzi. Mawu ofunika kuwamveketsa ndi awa: belo si kuwina mlandu, tsiku lozenga lilipo, ndipo mboni zikapanda kubwera ndi pamene munthu amamasulidwa. Mwini mbuzi mumuuze tsikulo ndi pakamwa panu. Kawirikawiri mkwiyo wake umakhala wakuti mbuzi zake zikuonda pa polisi pamene iye sakumva kalikonse. Pemphani woimira boma kuti khoti lizione msanga, zijambulidwe, zilembedwe maonekedwe ndi zizindikiro za m'makutu, zibwerere kwa mwini wake. Mbuzi zikalowa m'khola, mudzi umazizira.

aZulu

Nanga majisitireti wa giredi yoyamba akakana, kapena fayilo ikapanda kupezeka?

Bambo Mwale

Pamenepo ndi pa loya. Tengani zonse mwasonkhanitsa mupite nazo ku Legal Aid Bureau. Gawo 118 la Criminal Procedure and Evidence Code limapatsa Khoti Lalikulu mphamvu yopereka belo ngakhale khoti laling'ono litakana, ndipo gawo 42(1) la Malamulo aakulu limalola munthu kutsutsa kusungidwa kwake ndi kumasulidwa ngati n'kosatsata lamulo. Kwa ife ndi ku Lilongwe. Kusowa kwa fayilo si chifukwa chosungira munthu. Ngati kukubwera khoti lokhalira kundende posachedwa, alembetseni atatu onse pa ndandanda yake, koma musaimitse pempho podikira limenelo.

aChirwa

ANaphiri, mukabweretsa makalata mawa m'mawa, pemphani kuti pa tsiku lomva pempho palembedwenso chikalata choitanitsa akaidi, chipite kundende tsiku limodzi lisanafike. Popanda chimenecho majisitireti adzakhala, omuimira adzabwera, koma eni mlandu sadzatulutsidwa. Mufunsenso za galimoto yowanyamula. Omuimira afike 8 koloko ndi ziphaso zenizeni, osati mafotokope, chifukwa amafunsidwa mmodzimmodzi belo isanasainidwe.

aNaphiri

Mayi a mnyamata ayankha pa foni kuti khadi la ku sikelo alipeza, chaka chobadwa chikuoneka bwino. Mayi Tembo, ndiwauze abwere nalo okha kapena abwere ndi mwini mbumba?

Mayi Tembo

Abwere onse awiri. Khoti lidzafuna wosaina kuti azimusunga ndi kumubweretsa pa tsiku la mlandu, ndipo amalume akasaina nawo zimalimba. Atengenso kalata ya ahedi ngati angaipeze lero.