Thandizeni pa nkhani ya khunyu, ambuya akukana za kuchipatala

Anzanga muli bwanji, ndili ndi funso. Mwana wa achemwali anga kumudzi ku Katete ali ndi khunyu, manje pakhomo pavuta chifukwa ambuya ati asamadye mbale imodzi ndi anzake, ati thovu lija la mkamwa likakukhudza nawenso uyamba kugwa. Akagwa amathamangira kumuika sipuni mkamwa kuti asameze lilime, ine zimenezi zimandiopsa kwambiri, mano atha kuthyoka. Kukiliniki anesi anatiuza kuti khunyu sipatsirana, ndi ubongo chabe umene magetsi ake amasokonekera kwa kanthawi, lilime munthu sangameze, chongofunika ndi kumugoneka chammbali ndikuchotsa zinthu zomuvulaza pafupi. Anatinso kuno kwathu ena amayamba kugwa chifukwa cha mazira a njoka zam'mimba za nkhumba amene amafika mpaka mu ubongo kudzera m'madzi kapena chakudya chosasamalika, koma ambuya anangoseka ati nkhumba takhala nazo kuyambira kale.

Chovuta kwambiri ndi ichi, mwanayo anapsa mkono atagwera pamoto ndiye akuluakulu akuti wakhunyu akapsa basi sachira, mankhwala ake a khunyu aja a phenobarbitone amusiyitsa, kusukulu nakonso akuti asapite ati mutu wake unafooka, pomwe masamu amakhoza kuposa anzake.

Amene munakumana nazo izi, akuluakulu munawalankhula bwanji kuti amve popanda kuoneka ngati mwano? Nanga ku Chipata Central Hospital kuli tsiku lake loonera odwala khunyu kapena tiyambire pakiliniki pomwepo kutenga kalata?