Wokayika analowa, wotsimikiza mtima anatayidwa: kodi Bunyan ankatanthauza chiyani?

Wowerenga usiku:
Ndangomaliza kuwerenga The Pilgrim's Progress, buku la John Bunyan la mu 1678, ndipo mathero ake andisowetsa mtendere. Christian, mwininkhani wa bukuli amene ali paulendo wopita kumwamba, anasochera, anatsekeredwa m'Linga la Kukayika mpaka kulingalira zodzipha, ndipo powoloka mtsinje wa imfa anatsala pang'ono kumira chifukwa cha mantha, komabe analandiridwa mumzinda wakumwamba. Ignorance, wapaulendo wina amene sanakayikepo n'kamodzi komwe, anafika pachipata chomwecho, koma anamangidwa manja ndi miyendo n'kukaponyedwa kumoto. Kodi wolembayu akutiuza kuti kukayika kuli bwino kuposa kutsimikiza mtima?

Mphunzitsi wopuma:
Mwafunsa bwino, koma ine ndikuona kuti nkhani yagona pa chimene aliyense ankadalira. Ignorance sanadzere pachipata chopapatiza cha koyambirira kwa ulendo, ankadalira ntchito zake zabwino ndi umboni wa mtima wake, anawolotsedwa mtsinje pabwato popanda vuto, ndipo atafunsidwa chikalata cholowera mumzindawo analibe. Christian, ngakhale ali m'ndende, anali ndi kiyi wotchedwa Lonjezo, wotsegulira zitseko za lingalo, pachifuwa pake. Anangomuiwala kwa masiku angapo. Bunyan, yemwe anakhala m'ndende ya ku Bedford kuyambira 1660 mpaka 1672 chifukwa cholalikira popanda chilolezo, ankakudziwa kukayika ngati matenda a munthu wokhulupirira, osati ngati kutha kwa chikhulupiriro.

Wokonda nthano:
Aphunzitsi, ndikuvomera, koma kwa Bunyan kiyi alipo nthawi zonse, ndipo zimenezo zimapeputsa funsoli. Mu Young Goodman Brown ya Nathaniel Hawthorne, ya mu 1835, mnyamata wa ku Salem anasiya mkazi wake Faith n'kulowa m'nkhalango usiku, kumene anaona mbusa, dikoni ndi gogo amene anamuphunzitsa katekisimu akupita kumsonkhano wa Mdyerekezi. Wolembayo sanena ngati anali maloto. Brown anabwerera kwawo, koma sanakhulupirirenso munthu aliyense mpaka imfa yake, ndipo chimene chimandiwawa n'chakuti mwina anawona zoona, koma zoonazo sizinamupindulire kanthu.

Wowerenga usiku:
Zikomo nonse. Za Christian ndazimvetsa tsopano, koma Ignorance akundimvetsabe chisoni, pakuti anayenda ulendo wautali ndi mtima woona, ndipo anagogoda pachipata akuyembekezera ndithu kuti amutsegulira.