Nyemba za pinto pa mbaula: ndiziphike bwanji kuti msuzi ugwire?

NaTembo wa ku Kapata:
Azimayi anzanga, ndithandizeni. Alamu anga andibweretsera nyemba makilogalamu 2 kuchokera ku Lusaka, zamawangamawanga, akuti ndi pinto. Ine ndinazolowera Kabulangeti ndi zofiira za ku Lundazi. Apongozi akubwera Loweruka kuchokera ku Katete, ndipo iwo ndiwo za msuzi wamadzimadzi sazifuna n'komwe. Nyama ndilibe, malaiti nawo ngosadalirika, ndiye ndiphikira pa mbaula. Ndiyambire pati?

Ambuya a Dalitso, Mchini:
Mwana wanga, usade nkhawa, pinto sizivuta. Lachisanu madzulo uzisankhe pa lichero, uchotse timiyala ndi zofumbwa, uziviike m'madzi ambiri zigone momwemo. M'mawa madziwo utaye, uthire ena.

Moto woyamba ukhale waukali, zibwadamuke kwa mphindi 10 kapena kuposa. Nyemba zosawira mokwanira zimapweteka m'mimba, pamenepo usaumire makala. Zikatero, phula makala ena, utsale moto wa pansipansi, poto azingoti phwa, phwa. Maola awiri amakwana, koma ngati ndi za chaka chatha zimatenga nthawi yaitali. Madzi akamaphwa uziwonjezera otentha, pang'onopang'ono, angophimba nyemba basi. Anthu amathira chigubu chonse kenaka n'kumadabwa kuti msuzi wasuluka.

Matimati asalowe nyemba zisanapse, chifukwa kuwawasa kwake kumazilimbitsa khungu. Tenga imodzi uifinye ndi zala. Ikaphwanyika yosasiya kamtima kouma, ndiye kazinga anyezi mu saladi, mafuta ophikira aja, mpaka afiire, uike matimati awiri akupsa bwino, asungunuke, uthire mu poto ndi mchere. Tsono tapa nyemba chipande chimodzi, uzikanye ndi mthiko, uzibwezere. Msuzi umagwira pompo. Mawanga aja akazimirira nyemba n'kusanduka zofiirira usadabwe, ndi mmene pinto zimachitira.

Bambo Zulu:
Kungothira soda pang'ono, ola limodzi zapsa. Makala akwera mtengo masiku ano, amayi.

Ambuya a Dalitso, Mchini:
A Zulu, soda amafewetsadi, sindikukana. Koma ukangopitiriza pang'ono, nyemba zimachita phala n'kumamveka sopo m'kamwa. Soda ndimaika mu therere. Ndiwo za apongozi ayi.

NaBanda, Lundazi:
Za makalazo a Zulu anena zoona, ndiye ndikuuzeni mmene ndimachitira ine. Nyemba zoviika zikawira kwa theka la ola, ndimaphula poto ali chivundikire, ndimamukulunga m'bulangete lakale n'kumuika m'dengu, pamwamba kuphimbanso ndi chitenje. Osavundukula ayi. Ndimapita kumunda, pobwera masana ndimapeza zafewa ndipo zikali zotentha. Ndimangozibwezera pamoto ziwirenso, kenaka anyezi ndi matimati monga anenera ambuya. Ngati muli ndi nsinjiro, supuni ziwiri kumapeto, koma muzitakasa chifukwa zimapserera pansi msanga. Sabola muike pambali, achikulire ena samufuna.

NaTembo wa ku Kapata:
Zikomo ambuya, zikomo nonse. Za dengu ndiyesa tsiku lina ndili ndekha, Lowerukali nditsata za moto wa pansipansi. Funso lina ambuya: mpiru ndiuphike pawokha, kapena ndingauponye momwemo?

Ambuya a Dalitso, Mchini:
Pawokha, mwana wanga. Mpiru uli ndi kuwawa kwake, ungakuwonongere msuzi.